Ine Ndine Chiswe cha M'buku la Alamu

1

Alamu anga ndi mlembi wa mabuku. Sinditchula dzina lawo, koma mumawadziwa. Ndi aja amavala mpango m'khosi ngakhale dzuwa likuswa mtengo, aja amayamba atseka maso asanayankhe funso, ngati yankho likutsika kumwamba, chikhalirecho mwangowafunsa nthawi. Ali ndi mabuku atatu. Awiri oyambawo analandirira mphoto. Lachitatulo ndi limene landigwiritsa cholembera, ine telala wamba amene sukulu ndinailekera panjira.

Buku loyamba mutu wake ndi Ndinamugwira Dzanja. Limanena za mwamuna amene anadwazika mkazi wake zaka ziwiri, kumusambitsa, kumumwetsa, kumutembenuza pabedi, mpaka tsiku limene mkaziyo anatsirizikira m'manja mwake. Mkaziyo anali achemwali anga, bere limodzi.

Azimayi akabwera pashopu panga kudzasoketsa, n'kumva kuti ndine mlamu wa Alembi, amagwira pachifuwa.

"Mayi inu, koma muli ndi mlamu! Amuna otere atsala angati? Anga ndikadwala amangondifunsa ngati malaya awo ndasita."

"Kwezani mkono ndiyeze," ndimatero ine, n'kuluma mapini. Mapini andipulumutsa zaka zambiri. Munthu salankhula ali ndi mapini kukamwa.

2

Ndinapita kunyumba kwawo ndili ndi zaka makumi awiri ndi chimodzi. Anali atangosamukira kutali ndi abale chifukwa cha ntchito. Nthawi imeneyo alamu anali kalaliki wamba muofesi, wolemba ndakatulo zimene ankaziwerenga okha. Makolo athu anali atamwalira kale, ndiye wodwazika achemwali panalibe wina koma ine.

Chipindacho ndimachikumbukira kuposa nkhope yanga. Bedi lachitsulo lolira ukalikhudza, pulasitiki pansi pa nsalu yoyala, beseni labuluu losweka m'mphepete, mabotolo a mankhwala ali ndandanda pawindo. Alamu malire awo anali pakhomo. Ankaima pamenepo, kansalu kali pamphuno.

"Wadzuka bwanji wodwala wathu?"

"Lowani muwafunse nokha, alamu. Makutu ali nawo."

"Ndikanalowa, mlamu, koma mtima wangawu ndi wofooka. Ife olemba timamva zinthu mopitirira muyeso."

Mtima wofooka! Yofooka inali mphuno.

Adokotala anandiuza kuti ndizilemba m'kope nthawi ya mankhwala ndi zimene wodwala wadya. Popeza ndinalibe wocheza naye, ndinayamba kulembamonso zimene achemwali ankalankhula. Tsiku lina anapempha galasi, anadziyang'ana, n'kundibwezera. "Chotsa, ameneyu sindikumudziwa," anatero. Ndinalemba. Inu amene munawerenga bukulo, pamenepa m'pamene mumayambira kufunafuna kansalu kopukutira maso.

M'chaka chachiwiri cha matendawo, m'nyumbamo munabadwa mwana wamkazi. Buku limati chinali chozizwitsa: banja limene linakhala zaka zisanu ndi zinayi lopanda mwana, kupatsidwa mphatso mayi ali chigonere. Achemwali anakhala ndi moyo miyezi isanu mwanayo atabadwa. Tinkamutchula kuti Dona, chifukwa ngakhale ali wakhanda ankayang'ana anthu ngati antchito ake.

Titaika maliro, kope langa linasowa.

"Kope lanji?" anatero alamu. "Mwina munayatsira moto."

Patatha chaka ndi theka, buku linatuluka. Ndinaliwerenga nditakhala pa mpando wa kukhitchini, Dona ali kumsana. Pamene ndinalemba kuti ndinamusambitsa, iwonso analemba kuti ndinamusambitsa. Pamene ndinalemba kuti ndinachapa nsalu katatu lero, manja anga asupuka, iwonso manja awo anasupuka. Anangokonza masipelo n'kuika dzina lawo pachikuto.

3

Sindinanene kanthu. Mudzifunsa kuti bwanji. Dekhani, tifika.

Ndinakhala m'nyumba imeneyo zaka khumi ndi zisanu, m'kachipinda ka kuseri kwa khitchini, ndikulera Dona. Alamu anasiya ukalaliki. Anagula magalasi, tebulo lalikulu ndi mpando wozungulira, n'kumata pepala pachitseko lakuti osagogoda. Anayamba kuitanidwa pawailesi kukaphunzitsa amuna chikondi.

Kenako kunabwera buku lachiwiri, Bambo Amene Anasanduka Mayi. Mmenemo akubereka mwana kumsana, akumuluka tsitsi, akuthamangira naye kuchipatala mvula ikugwa. Munthu amene thewera analigwirapo kamodzi, ndi zala ziwiri, ngati wagwira khoswe wakufa! Tsiku limene Dona anadwala chikuku, iwo anakagona kwa mnzawo, ati kuopa kuti matenda angawasokoneze mutu wachisanu ndi chiwiri. Koma ankadziwa kufunsa.

"Mlamu, dzino loyamba linamera ali ndi miyezi ingati?"

"Isanu ndi iwiri."

"La m'mwamba kapena la m'munsi?"

"La m'munsi."

Amalemba. M'bukumo ine ndimapezeka kawiri. Poyamba ndine wachibale wina amene ankathandiza ntchito za pakhomo. Kachiwiri ndikutsekula chitseko.

Dona anakula akukhulupirira tsamba lililonse. Kusukulu aphunzitsi ankamuimiritsa kutsogolo kuti anzake aone mwana wa m'buku. Madzulo akabwerako, ankakhala pakati pa miyendo yanga ndikumuluka, n'kumandiuza.

"Amayi aang'ono, akuti adadi ankandiluka bwino kuposa azimayi."

"Eetu. Weramitsa mutu."

Atapita kusukulu yogonera konko, ndinalongedza makina anga n'kutsegula shopu pamsewu wa ku siteshoni ya mabasi, pakati pa wometa ndi wokonza mafoni. Ndinkaganiza kuti ndathana nazo za mabuku.

4

Chaka chino alamu anabwera pashopu ndi nsalu yodula. Ankafuna jekete yatsopano yovala pokhazikitsa buku lachitatu. Ndinawayeza, mimba itakula mainchesi anayi, ndinasoka masiku atatu. Anandipatsa khadi loitanira, n'kundiuza kuti ndisalephere.

Linali Loweruka masana, muholo ya hotela. Mipando inavekedwa nsalu zoyera, mabuku ataunjikidwa patebulo ngati njerwa. Kutsogolo kunakhala Dona, amene tsopano ali ndi zaka makumi awiri ndipo akuphunzira unamwino. Pambali pake panali mayi wina wa kubanki, amene alamu ankafuna kumanga naye banja. Ine anandikhazika mzere wachinayi.

Mkulu wa kampani yosindikiza analankhula mpaka anthu anayamba kuyasamula. Kenako alamu anaimirira m'jekete yanga, anatseka maso monga mwa nthawi zonse, n'kukweza buku. Mutu wake unali Chiswe. Anati aka n'koyamba kulemba nkhani yopeka. Anatsegula n'kuyamba kuwerenga ndi mawu awo a paguwa aja.

"Chiswe chinalowa m'nyumba ndi kachikwama kamodzi. Chinali ndi mpata m'mano akutsogolo, ndipo poyenda chinkakoka mwendo wamanzere. Mkulu wake asanatseke maso, chinayamba kuvala madiresi ake, n'kumadutsadutsa pamaso pa mwamuna wachisoniyo. Koma mwamunayo anatseka chitseko chake."

"Asa!" anatero mayi wina kumbuyo kwanga. "Mfiti yeniyeni!"

Anthu anaseka, ena anaomba m'manja. Ine ndinatseka milomo kubisa mano. Mwendo wamanzere, umene ndinavulala ndili mwana, ndinaukokera pansi pa mpando. Koma mayi amene ndinakhala naye pafupi anali kasitomala wanga. Anayang'ana pansi, anayang'ana nkhope yanga, n'kusuntha chikwama chake kuchiika mbali ina.

Zonsezo ndikanapirira. Koma Dona anatembenuka. Sanandiyang'ane nthawi yaitali, koma anandiyang'ana ngati mmene munthu amayang'anira chinthu chimene waponda.

5

Lolemba m'mawa ndinakankha chitseko cha osagogoda chija. Alamu anali pa mpando wozungulira, kumbuyo kwawo mashelefu odzaza ndi mabuku awo omwe, pakhoma zithunzi zawo akugwirana chanza ndi anthu a matayi.

"Mlamu! Mwabwera kudzandiyamikira?"

"Ndabwera kudzaona chitseko chimene munatseka. Ndi ichi?"

Anavula magalasi n'kuyamba kuwapukuta ndi mpango.

"Ndi nkhani yopeka. Zalembedwa patsamba loyamba."

"Mpata wa m'manowu munaupekanso ndinu?"

"Mvetsetsani, mlamu. Wosindikiza anati mabuku anga achuluka angelo. Owerenga amafuna munthu woti amutukwane. Komanso mayi amene ndikufuna kuwakwatirawa ali ndi mafunso. Amati mkazi ameneyu anakhala bwanji zaka khumi ndi zisanu m'nyumba ya mwamuna wopanda mkazi? Tsopano yankho ali nalo, ndipo mtima wawo wakhala pansi."

"Nanga ndikalankhula?"

Anaseka. Anavala magalasi aja, n'kundiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumwendo wanga wodwala. Kwa nthawi yoyamba pa zaka zambiri, ulemu anauika pambali.

"Iwe? Lankhula. Woyamba kugwa sindine, ndipo ukumudziwa."

Sananame. Khoswe akakhala pamkhate sapheka. Ndinatuluka, ndipo ndili pakhomo anandikumbutsa kuti batani la jekete lija lalendewera.

6

Dona anabwera pashopu Lachitatu masana, atavala yunifolomu ya kusukulu kwawo. Munali makasitomala awiri. Sanapereke moni.

"Ndi zoona? Munkavala madiresi a mayi anga iwo ali chigonere?"

Makasitomala aja anasiya kusankha mabatani. Ndinawapempha kuti abwere mawa. Anatuluka mokoka miyendo, makutu atawasiya m'shopu. Ndinakhoma chitseko n'kutseka katani.

"Ndi zoona," ndinatero.

"Simukukana n'komwe! Inu amene ndinkadya za m'manja mwanu? Munkadikira kuti afe kuti mulowe m'malo mwawo?"

"Madiresiwo anandipatsa okha. Anga anali atasiya kundikwana."

"Munanenepa ndi chakudya cha wodwala."

Ndinayang'ana mwana ameneyu, mphuno itatupa ndi mkwiyo. Ndinaona kuti ndikakhala chete ndimutaya, ndikalankhula ndimutayanso. Ndinasankha kumutaya akudziwa. Ndinamasula zipi ya siketi n'kuitsitsa pang'ono.

"Iwe ukuphunzira unamwino. Chipsera ichi n'chachiyani?"

Anayang'ana. Anayandikira, n'kuyang'ananso.

"Ndi opaleshoni ya uchembere. Koma inu simunaberekepo."

"Amatero ndi mabuku."

Tsopano mvetserani, owerenga, chifukwa apa ndilibe woloza chala. Alamu sanandikakamize. Munthu amene ankalephera kulowa m'chipinda cha mkazi wake ankatha kulowa kukhitchini. Ankabwera ndikutsuka mbale, n'kumandiwerengera ndakatulo, ati ine ndekha ndi amene ndimazimvetsa. Anati manja anga osupukawo ndi maluwa. Ine, mtsikana wokoka mwendo amene palibe mnyamata anandiimitsapo panjira, ndinasungunuka ngati sopo wotchipa. Khoma limodzi lokha linkatilekanitsa ndi achemwali. Ndinkawamva akukhosomola, ndipo sindinkadzuka. Chitseko chimene alamu anatseka chilipo, koma anachitseka ine ndili m'kati.

Achemwali anazindikira mimba ili ndi miyezi inayi. Ndinkawapukuta kumsana pamene anandigwira chiuno n'kukanikiza.

"Ndi ya alamu ako?"

Ndinaweramitsa mutu. Sanalire. Musawaone ngati mngelo wa m'buku uja, anali mkazi wolimba mtima ndi wolusa.

"Zaka zisanu ndi zinayi anthu akundiseka kuti ndine chumba. Iwe miyezi ingati? Tsegula wadilopu, utenge madiresi anga aakulu. Panja usatulukenso. Kuchipatala ukapita ndi dzina langa. Mwanayo ndi wanga. Udzamuyamwitsa, udzamuchapira, koma adzakutchula mayi wamng'ono mpaka kumanda."

Zinatheka mosavuta. Kumeneko kunalibe wotidziwa, ndipo alendo tinkawabweza pageti kuti wodwala sakufuna phokoso. Alamu anasangalala kwambiri ndi nzeruyo. Anati ili ngati nkhani ya m'buku.

Mumakumbukira tsamba lomaliza la Ndinamugwira Dzanja, pamene mkazi akunong'oneza mwamuna wake kuti usamale mwana wathu? Tsamba limenelo lokha ndi limene alamu analemba okha. Tsikulo iwo anali kometetsa. Dzanja limene achemwali anagwira linali langa, ndipo zikhadabo zawo zinalowa m'mnofu. Mawu awo omaliza anali akuti: "Ukadzamuuza, ndidzakupeza."

Zonsezi ndinamuuza Dona, osasiyako kanthu. Anakhala pa kampando koyezera anthu, akuyang'ana tizidutswa ta nsalu pansi. Wokonza mafoni ankaliza nyimbo kuseri kwa khoma.

"Nonse atatu," anatero pomaliza. "Wina anafa nalo bodza, wina akuligulitsa, wina akulisita."

Anatsegula chitseko yekha n'kupita.

7

Zimene zinachitika kunyumba kwa bambo ake ndinazimva pambuyo pake. Dona anawapeza pa mpando wozungulira uja, n'kuwakhuthulira zonse. Akuti alamu anagwada, analira, anadziguguda pachifuwa. Dona anawauza kuti: "Munandilera ngati chikwangwani cha malonda." Alamu anasiya kulira, anakweza mutu.

"Tanenanso mawu amenewo, mwana wanga."

Dzanja lawo linali likufufuza cholembera patebulo.

Mayi wa kubanki uja atamva nkhaniyo anabweza mphete kudzera mwa dalaivala wake. Makasitomala anga ena anasamukira kwa telala wa kuseri kwa msika, kuopa kuti chiswe chingawadyere mabanja. Ena anachuluka, obwera ndi zipi yabwinobwino kuti ndiisinthe, n'cholinga chongoona mano anga. Ndimawasekerera mokwanira kuti aone bwino, n'kuwonjezera mtengo.

Sabata yatha ndinamva pawailesi ya wometa kuti mlembi wathu wokondedwa akumaliza buku lachinayi, lolimba mtima kuposa onse. Mutu wake akuti ndi Kulapa kwa Bambo. Muulutsi anawafunsa kuti n'chiyani chawapatsa mphamvu zoulula. Ndinawaona m'maganizo akutseka maso. Anati choonadi chimawawa, koma wolemba weniweni sachithawa. N'chifukwa chake ndathamangira kulemba kuno. Kamodzi kokha m'moyo wanga ndikufuna nkhani yanga ituluke m'kamwa mwanga iwo asanaikonze masipelo.

Dona anakhala miyezi itatu osaponda pashopu. Ndinkati basi, ndinamutaya. Tsiku lina m'mawa ndikudula nsalu, chithunzithunzi chinagwera patebulo. Dona anaima pakhomo, chikwama chili paphewa. Sananditchule amayi aang'ono. Sananditchulenso amayi. Mpaka lero amangoti inu.

"Inu," anatero. "Ndinabadwa nthawi yanji?"

"Teni koloko m'mawa, Lachiwiri. Akuti unatuluka osalira. Namwino anachita kukumenya kuphazi kawiri, ndiye unakuwa mpaka a chipinda china anabwera kudzaona."

"Munandinyamula?"

"Anandipatsa nditatsitsimuka. Ndinakuwerenga zala kawiri."

Anagwedeza mutu. Analowa, anasuntha nsalu zimene zinali pa kampando, n'kukhala. Ine ndinapitiriza kudula, koma mzere wa choko sindinkauona bwino, ndipo nsalu ya mwini ndinaiwononga.

Owerenga, sindikupempha chifundo chanu. Ndinalakwira mkulu wanga ali pabedi la imfa, ndipo zimenezo palibe mwana kapena chipsera chimene chingazifafanize. Ndimadzinyoza kuposa mmene mungandinyozere. Koma inunso ndikukudziwani. Bukulo likatuluka mudzakhala pamzere kuti akusainireni, ndipo mudzauzana kuti koma bambo ameneyu ndi wolimba mtima. Gulani, ndi ndalama zanu. Chokhacho, mukafika patebulo pawo, muwafunse kuti mwana wawo anabadwa tsiku lanji. Ngati atseka maso, musaganize kuti akusinkhasinkha. Akudikira kuti wina awauze.